Chindapusa cha phokoso: buku la Flatland ndi makalasi athu a zinenero ziwiri

Aphunzitsi anzanga, pa msonkhano wathu wa ZIP mwezi wathawu, mnzathu wina wophunzitsa masamu anandibwereka kabuku kothaitha, komasuliridwa m'Chipwitikizi, n'kundiuza kuti kandithandiza pophunzitsa maonekedwe a zinthu. Dzina lake ndi Flatland, ndipo ku Brazil amakatcha Planolândia. Analemba ndi Edwin Abbott Abbott, m'busa wa mpingo wa Anglican amenenso anali mphunzitsi wamkulu wa City of London School, ndipo kanatuluka koyamba mu 1884. Ndinakatenga ndikuyembekeza kupezamo ma triângulo ndi ma círculo basi. Ndinawapezadi, koma ndinapezamonso nkhani imene ambirife timaidziwa ndi zikhatho zathu, ya akuluakulu amene amasankha mawu oyenera kumveka ndi mawu oyenera kulipiritsidwa. Ndalemba ndemangayi kuti ndinene pamene bukuli lakhoza, pamene laperewera, ndiponso mlandu umene landipeza nawo ine mwini kuno ku Marávia.

Nkhani yake ili motere. Wofotokoza ndi Quadrado, munthu wa mbali zinayi zofanana, wokhala m'dziko lathyathyathya ngati pepala. Anthu a m'dzikomo amadziwa mulitali ndi mulifupi, koma za kumwamba ndi pansi sanazimvepo. Ulemu wa munthu umayendera kuchuluka kwa mbali zake. Asilikali ndi antchito wamba ndi ma triângulo osongoka, amalonda ndi ma triângulo a mbali zofanana, ophunzira ndi a mbali zinayi kapena zisanu, ndipo pamwamba pa onse pali ansembe, amene mbali zawo n'zochuluka mwakuti amaoneka ngati círculo. Akazi ndiwo apansi penipeni, pakuti iwo ndi mzere chabe, ngati singano. Gawo loyamba la bukuli likulongosola malamulo a dzikolo. M'gawo lachiwiri Quadrado akulota Dziko la Mzere, kenako akuchezeredwa ndi Esfera, mlendo wobulungira ngati mpira, wochokera ku dziko lofanana ndi lathuli, amene akumunyamula n'kumuonetsa kuti kulinso kumwamba. Atabwerera kwawo n'kuyamba kuuza anzake zimene waona, akuweruzidwa kuti akhale m'ndende moyo wake wonse.

Malamulo a pakamwa

Ambiri amene amayamikira bukuli amanena za masamu ake. Ine chinandigwira mtima ndi malamulo ake okhudza pakamwa ndi khutu. Mkazi akamayenda pagulu amayenera kumangotulutsa kamfuu kosalekeza kochenjeza amuna kuti akubwera, ndipo akangokhala chete chilango chake ndi imfa. Atathana ndi kuwukira kwa anthu amene anayamba kudzipaka utoto, akuluakulu analetsa ngakhale kutchula mawu onena za mtundu wa utoto, kupatula ansembe ndi aphunzitsi a sayansi ovomerezeka. Ofunsa kumene kuwala kumachokera anayamba awaika msonkho wolemera, ndipo msonkhowo utalephera kuwatseka pakamwa, funsolo analiletseratu. Ngakhale luso lozindikira munthu pomva mawu ake, limene anthu wamba a m'dzikomo ali nalo kwambiri, apamwamba amalitenga ngati la osauka. Abbott anaona bwino kuti wolamulira sakhutira ndi kugwira manja a anthu, amafunanso kulowa m'kamwa mwawo, ndipo amayamba ndi chindapusa asanafike pa ndende.

Ndime imene ndikupempha mphunzitsi aliyense wa zinenero ziwiri kuti aiwerenge ili kumapeto kwa mutu 12. Pamenepo Quadrado akudandaula kuti amuna a m'dziko lake amakhala ndi zinenero ziwiri. Popeza akazi anawaletsa sukulu zaka pafupifupi mazana atatu m'mbuyomo, mwamuna akamalankhula ndi mayi ake kapena mkazi wake amatchula za chikondi, chifundo, chabwino ndi choipa, koma akakhala ndi amuna anzake kapena akamalemba mabuku amasinthira ku mawu ena amene amati ndi a sayansi. Mwana wamwamuna akangopitirira zaka zitatu amamuchotsa m'manja mwa mayi ake n'kumuphunzitsa kuiwala chinenero choyambacho, kuti azichilankhula pokhapokha akakhala pamaso pa mayi ake ndi alezi ake. Zaka zitatu ndi zomwezonso zimene dongosolo lathu, monga linakonzedwera mu 2003, linapatsa chinenero cha kunyumba kuti chikhale chophunzitsira, mwana asanawolokere ku Chipwitikizi m'kalasi yachinayi. Sindikunena kuti cholinga cha dongosolo lathu ndi choiwalitsa mwana chinenero chake. Ndikunena kuti mwana amene wamva kwa zaka zitatu kuti Chinyanja n'chabwino, kenako m'kalasi yachinayi n'kumva kuti chasanduka chosokoneza phunziro, amaphunzira zomwezo zimene anaphunzira ana a kwa Quadrado: kuti chinenero cha amayi n'cha kukhitchini, nzeru ili m'chinenero china.

Chindapusa chimene timachidziwa

Ife sitinadikire Mngelezi kuti atiuze za chindapusa cha pakamwa. Pangano la pakati pa Portugal ndi Vatican la mu 1940, pamodzi ndi Estatuto Missionário ya mu 1941, zinapereka maphunziro oyamba a ana akuda m'manja mwa mamishoni a Katolika n'kulamula kuti m'sukulu muziphunzitsidwa ndi kulankhulidwa Chipwitikizi, zinenero zathu n'kuzisiyira katekisimu. Wofuna kuwerengedwa ngati assimilado ankayenera kusonyeza kuti amalankhula bwino Chipwitikizi, mpaka lamulo la indigenato litathetsedwa mu 1961. Agogo athu amakumbukira mbalamatodya, kathabwa kamabowo kamene Apwitikizi ankakatcha palmatória, ndipo ambiri anakalawa chifukwa cha liwu limodzi la "dialecto" limene linawapulumuka pabwalo la sukulu. Ufulu utabwera mu 1975, boma la Frelimo linasunga Chipwitikizi kuti chilumikize dziko lonse, pa chifukwa chomveka, pakuti dzikoli lili ndi zinenero zambiri ndipo atsogoleri ankaopa kugawikana. Koma kalembera wa mu 1980 anapeza kuti pa anthu 100 alionse, pafupifupi mmodzi yekha ndiye anali ndi Chipwitikizi ngati chinenero chake choyamba. Ngakhale mu 2017 chiwerengerocho chinali chisanakwane 17 pa anthu 100 alionse, ndipo ambiri mwa iwo ndi a m'mizinda.

Sizinachitike kwathu kokha. Mlembi wa ku Kenya Ngugi wa Thiong'o, m'buku lake la Decolonising the Mind la mu 1986, anafotokoza kuti ana olankhula Chikikuyu pa sukulu ankakwapulidwa, kuvekedwa chikwangwani chowanyoza kapena kulipiritsidwa ndalama, ndipo ogwira olakwawo anali ana anzawo omwe. Ku Wales, m'zaka zomwezo zimene Abbott anakhala ndi moyo, sukulu zina zinkakoleka kathabwa m'khosi mwa mwana wolankhula chinenero cha makolo ake.

Inenso ndinalipira, ndipo ndinalipira kawiri. Kwathu ndi ku Angónia, koma nkhondo itakula makolo anga anathawira nane ku Malawi, kumene panthawiyo kunali othawa kwawo a ku Mozambique oposa miliyoni imodzi. Kuwerenga ndinaphunzirira kumeneko, n'chifukwa chake mukuona ndikulemba ch pamene mabuku athu amalemba c, ndipo ndikuthokoza akonzi pondilola. Makalasi anayi oyamba tinaphunzira m'Chichewa mosavuta. Titafika m'kalasi yachisanu, Chichewa chomwecho chinasanduka mlandu, ndipo amene wagwidwa akuchilankhula ankavala kathabwa ka chingwe kufikira atagwira mnzake wokamupatsira. Womaliza nako tsikulo ankasesa bwalo. Titabwerera kwathu mu 1994, ndinapeza mwambo womwewo uli m'Chipwitikizi. Chefe wa turma ankalemba papepala mayina a "barulhentos", opanga phokoso, ndipo tonse tinkadziwa kuti awiri akunong'onezana m'Chipwitikizi salembedwa, koma mmodzi wofunsa mnzake m'Chinyanja kuti aphunzitsi ati chiyani amalembedwa. Chindapusa chinali mtolo wa nkhuni, tsache latsopano kapena mizere ingapo m'munda wa sukulu. Chimene ndinaphunzirapo n'chakuti njira yosalipira ndi kusafunsa.

Kuti zinthu zisinthe panafunika ntchito ya anthu ambiri. Kuyambira 1993 mpaka 1997, bungwe la INDE linayesa maphunziro a zinenero ziwiri pa ntchito yotchedwa PEBIMO, ku Gaza m'Chichangana ndi kuno ku Tete m'Chinyanja chathuchi. Carol Benson, amene anaunika ntchitoyo, anafotokoza kuti ana a m'makalasi amenewo ankatenga mbali momasuka pa phunziro ndipo makolo anaikonda. Mu 2003 maphunziro a zinenero ziwiri analowa m'dongosolo la boma. Malamulo aakulu a dziko a mu 2004, m'ndime 9, akuti boma limalemekeza zinenero za m'dziko ngati chuma cha chikhalidwe ndi maphunziro, ndipo lamulo la maphunziro nambala 18/2018 linapatsa maphunziro a zinenero ziwiri malo ake. Pa pepala, chindapusa chinatha. Funso limene bukuli landisiyira ndi lakuti kodi m'kalasi chinathadi.

Mfumu ya khutu lakuthwa

M'Dziko la Mzere anthu onse andandalikana pa mzere umodzi ngati mikanda pa ulusi. Palibe angadutse mnzake, ndipo pafupifupi chilichonse amachidziwa ndi khutu. Mwamuna aliyense ali ndi mawu awiri, besi mbali imodzi ndi tenala mbali inayo. Ukwati umachitika mawu a mwamuna akagwirizana ndi sopulano ndi alito ya akazi awiri, pa nyimbo imene dziko lonse limaimba kamodzi pa sabata. Mfumu yawo imadziwitsa akazi ake kutalika kwake pongofuula ndi mawu ake awiriwo, iwo n'kuwerengera nthawi imene yadutsa pakati pa kufika kwa mawu oyamba ndi achiwiri. Khutu lake n'lakuthwa zedi. Komabe Quadrado ataiuza kuti kunja kwa mzere kuli kumanja ndi kumanzere, mfumuyo ikumva ngati zamisala, ndipo mapeto ake ikumulunjika moopseza, anthu ake n'kufuula mfuu ya nkhondo. Apa ndi pamene Abbott wakhoza koposa, chifukwa mfumuyi sanaipange kukhala chitsiru. Ndi katswiri pa zimene khutu lake linazolowera, ndipo ukatswiri womwewo ndi umene ukuitsekereza.

Ife aphunzitsi a zinenero tiyenera kuzimva bwino zimenezi. Mawu ndi kunjenjemera kwa mpweya. Khutu la mwana wathanzi limamva kunjenjemera koyambira pafupifupi ka 20 kufika ka 20,000 pa sekondi imodzi, ndipo Chipwitikizi, Chinyanja ndi Chinyungwe zonse zimakwana m'katikati momwemo. Palibe makina oyezera mawu amene angaloze kuti apa pathera chinenero, apa payambira phokoso. Chimene chimasiyana ndi zimene khutu linazolowera kuyambira kubere. Mwana wathu amasiyanitsa pala ndi phala popanda womuphunzitsa, chifukwa amamva kampweya kamene kamatsatira p, pamene khutu loleredwa m'Chipwitikizi limamva mawu amodzi. Amadziwanso ngati mtengo umene ukunenedwa uli wa m'nkhalango kapena wa pa msika, pongomva kukwera ndi kutsika kwa mawu. Koma m'chinenero chathu l ndi r ndi liwu limodzi, kotero mwana yemweyo akanena calo pofuna kunena caro, kalasi imaseka ndipo mphunzitsi amadula malikisi. Mwanayo sanaperewere nzeru. Khutu lake lili ndi zake zimene limamva, monganso khutu la mphunzitsi lili ndi zake, koma mmodzi yekha mwa awiriwa ndiye wagwira cholembera chofiira.

Esfera nayenso anakana

Mbali ya bukuli imene inandipweteka ili pafupi ndi mapeto. Esfera wavutika kwambiri kuti Quadrado amvetse zoti kuli kumwamba, mpaka kumunyamula ndi mphamvu. Quadrado atamvetsa, akufunsa funso la mwana wanzeru: ngati pali mbali yachitatu imene ife sitinkaiona, bwanji pasakhale yachinayi imene inu simuiona? Esfera akupsa mtima, akuti zimenezo n'zopanda pake, n'kumuponyera m'dziko lake lathyathyathya. Pambuyo pake, m'maloto ena, akuvomera kuti analakwa. Quadrado nayenso si woyera. Anaseka mfumu ya Dziko la Mzere, koma Esfera atabwera anachita zofanana ndi mfumuyo. Anyani amasekana zikundu.

Chinenero chathu chomwechi, chimene kuno chinkalipitsa anthu nkhuni, tsidya lina la malire chinakhalapo Esfera. Mu 1968 msonkhano wa chipani cha Malawi Congress unagamula kuti Chinyanja chizitchedwa Chichewa ndipo chikhale chinenero cha dziko pamodzi ndi Chingerezi. Chitumbuka chinachotsedwa pa wailesi ya MBC ndi pa kuphunzitsira m'sukulu, ndipo chinabwerera pa wailesi mu 1994, boma la Bakili Muluzi litalowa. Kwa zaka zoposa makumi awiri mwana wa ku Rumphi ankayamba sukulu m'chinenero chimene sichinali cha kwawo, ndipo chinenerocho chinali cha anthu akuda anzake.

Tsono kuno kwathu bwanji? Dzina la Marávia likuchokera ku Amaravi, ndipo ambiri kuno ndi Achewa amene amalemekeza Kalonga Gawa Undi, koma m'madera ena a boma lino ndi la Zumbo ana amakulira m'Chinsenga. Mabuku amene amafika pa sukulu imene ndimaphunzitsa, kufupi ndi malire a Zambia, ndi a Chinyanja okhaokha. Chaka chatha ndinali ndi kalasi yachiwiri, ndipo munali kamtsikana kochangamuka, kokweza dzanja pa funso lililonse. Tsiku lina pa ditado ndinatchula madzi, iye analemba manzi, ine n'kudula ndi chofiira. Sabata yomweyo ndinafunsa kuti ndani adzafufute bolodi, iye anayankha mokweza kuti "newo", ndipo kalasi yonse inafa ndi phwete. M'malo moletsa osekawo, ndinamuuza kuti, "Lankhula bwino, timati ine." Kuyambira tsikulo dzanja lija silinakwerenso. Patapita milungu itatu agogo ake anabwera pa sukulu, nakhala pansi pa khonde, nandifunsa mwaulemu kuti mdzukulu wawo walakwa chiyani, popeza m'mawa uliwonse akumadandaula m'mimba koma masana akumasewera bwinobwino. Ndinawayankha kuti, "Agogo, palibe chimene walakwa," ndipo ndinkaganiza kuti ndikunena zoona zonse. Ndazindikira nditawerenga za Esfera kuti mawu anga aja anali "fala bem" yemwe uja amene ankandiuza aphunzitsi anga, nditangomumasulira m'Chinyanja. Sindinamulipitse nkhuni mwanayo, koma analipira milungu itatu ya kukhala chete, imene pa msinkhu wake ndi yodula kuposa nkhuni.

Pamene bukuli laperewera

Sindikufuna kuti mulitenge bukuli ngati lopanda chilema. Choyamba, nzeru zonse m'bukuli zimachokera kumwamba. Palibe wa m'dziko lathyathyathya amene amadzitsegula yekha maso mpaka mlendo atatsika kudzamunyamula. Ife tamvapo nkhani ya mtundu umenewu kuchokera kwa amishoni ndi kwa alendo ena obwera ndi galimoto, ndipo tikudziwa kuti si mmene zimakhalira. Amene ananditsegula maso ine anali agogo osadziwa kulemba, atakhala pa khonde.

Chachiwiri, amene malamulo a pakamwa amawapweteka kwambiri, akazi ndi ma triângulo osongoka, sapatsidwa mpata wonena za kumtima kwawo. Timamva za kamfuu ka akazi kudzera mwa mwamuna amene amawanyoza. N'zoona kuti Abbott ankachita dala pofuna kudzudzula anthu a m'nthawi yake, ndipo ena atamunena kuti amadana ndi akazi anayankhapo m'mawu oyamba a kusindikiza kwachiwiri. Koma buku lodzudzula kutseka anthu pakamwa likanachita bwino kumutsegula pakamwa mmodzi mwa otsekedwawo.

Chachitatu, ndipo ichi chikukhudza ntchito yathu, Quadrado amaona zinenero ziwiri ngati katundu wolemetsa ubongo wa ana. Akupempha akuluakulu kuti aganizirenso za maphunziro a akazi, koma chifukwa chake n'chakuti ana aamuna asafooke nzeru. Sizikumubwerera n'komwe m'maganizo kuti mwana wodziwa mawu a chifundo pamodzi ndi mawu a masamu ndi wolemera kuposa wodziwa amodzi okha. Pamenepa ife tikudziwa zambiri kuposa bukuli. Chimalemetsa mwana ndi manyazi amene timawaika pa chimodzi mwa zinenero zake.

Pomaliza, gawo loyamba ndi lalitali ndi louma, ndipo Chipwitikizi cha womasulira n'chovuta kwa ana a pulayimale. Ili ndi buku la mphunzitsi. Chimene mungatengere ana ndi chitsanzo chimodzi chokha: mizani lalanje pang'onopang'ono m'beseni la madzi, ana ayang'ane pamene madzi akukhudza lalanjelo, aone círculo akukula kenako akuchepa. Umu ndi mmene Quadrado anaonera Esfera koyamba.

Ngakhale zili choncho, muli kachigawo kamodzi kamene kamalipira zofooka zonsezi. Quadrado ali ndi mdzukulu wanzeru, amene tsiku lina anafunsa tanthauzo la 3 wochulukitsidwa katatu pa maonekedwe a zinthu, agogo akewo n'kumukalipira kuti akagone. Atabwerako kumwamba, Quadrado akuitana mwanayo kuti abwerezenso funso lija. Nthawi yomweyo kunja kukumveka wolengeza zilango za boma kwa aliyense wonena za dziko lina. Mwanayo akulira, akuti iye sanatanthauze kanthu, kenako akuseka zonena za agogo ake n'kuthawira panja. Mphunzitsi aliyense wa kalasi yachinayi amamudziwa mwana ameneyu. Feliciano Chimbutane, m'buku lake la mu 2011 lochokera pa kafukufuku wa m'sukulu za zinenero ziwiri ku Gaza, anaonetsa kuti ana amene amalankhula momasuka pa phunziro la m'chinenero chawo amasanduka oyankhira pamodzi mawu oloweza, kapena ongokhala duu, phunziro likakhala m'Chipwitikizi chokha.

Tichitepo chiyani

Wina anena kuti mayeso a kutsogolo ali m'Chipwitikizi, makolo akufuna ana awo achidziwe, ndipo kalasi yodzaza singayende popanda bata. Zonsezi n'zoona, ndipo ine sindikupempha kuti tichepetse Chipwitikizi kapena tilekerere chisokonezo. Ndikupempha kuti tisiyanitse zinthu ziwiri zimene sukulu zathu zinazimanga mtolo umodzi kalekale, kusokoneza phunziro ndi kulankhula chinenero cha kunyumba.

Tiyambe ndi kapepala ka chefe wa turma. Mawa m'mawa mufunseni kuti amene wawalembawo amalankhula chinenero chanji ndipo amanena chiyani. Mukapeza kuti ambiri amafotokozerana phunziro, ng'ambani kapepalako pamaso pa onse ndipo muwauze chifukwa chake. M'kalasi yachinayi ndi kupita m'tsogolo, lolani mwana afunse m'chinenero chimene funso lamufikira, ana akambirane awiriawiri m'chinenero chawo, kenako yankho alimange m'Chipwitikizi mothandizidwa ndi inu. Pa l ndi r musadule malikisi musanaphunzitse khutu: tchulani caro ndi calo mobwerezabwereza, ana akweze dzanja lamanja pa liwu lina, lamanzere pa linalo, kufikira atayamba kumva kusiyana kwake.

Kwa amene tili ndi ana a Chinsenga, ine ndinagawa ngodya ya bolodi m'mizati itatu, ndipo m'mwamba ndinalemba manzi, madzi, água. Sabata iliyonse ana amawonjezera mawu awo, ndipo olankhula Chinsenga ndiwo aphunzitsi a mzati woyamba. Pa ditado ndimalembabe mawu a m'buku pambali pa a mwana, chifukwa ayenera kudziwa mmene buku limalembera, koma ake sindiwadulanso. Ndikupempha kuti m'ma ZIP athu tisonkhanitse mindandanda yotereyi n'kuipereka ku ofesi ya maphunziro ku Fingoè, kuti olemba mabuku adziwe ana amene akukhala pa mabenchi athu.

Kamtsikana kaja tsopano kali m'kalasi yachitatu. Ndinakapepesa pamaso pa anzake, ndipo ndinapita kwa agogo ake kukawauza mbali ya yankho imene ndinasiya tsiku lija. Dzanja linayambanso kukwera, ngakhale kuti sikanenanso "newo" ine ndili pafupi, ndipo zimenezi ndi ngongole yanga imene sindinamalize kubweza. Bukuli ndalibweza kwa mwini wake, amene wavomera kuti lizizungulira m'ZIP mwathu. Amene nthawi yamuchepera awerenge mutu 12, mitu iwiri ya Dziko la Mzere ndi mutu wa mdzukulu, ndipo pa msonkhano wotsatira tidzakambirane zimene tapeza pa timapepala ta ma chefe athu.